Mawu oti "zalowa" andiphera mwamuna kachiwiri

Loweruka lapitali ndinakwera minibasi pa Lirangwe kupita ku Chileka kwa mwana wanga Esinala, chifukwa Lamulungu kunali ubatizo wa mdzukulu wanga Tadala. Pa nsonga ya chitenje ndinali nditamangapo kanthu kamene sindisiyana nako: kamemori ka m'foni, kakang'ono ngati chikhadabo.

M'kamemori kameneko munali mwamuna wanga.

Musaseke. Malemu bambo a Esinala ankatsogolera kwaya ya kumpingo kwathu, ndipo nyimbo zambiri ankapeka okha akupalira chimanga. Chaka chimene anayamba kudwala, mphunzitsi wina wa m'kwayamo anawajambula pa foni akutiphunzitsa nyimbo pakhonde pathu. Si zojambula za ku situdiyo ayi. Mumamveka nkhuku, mumamveka chifuwa chawo chija chikuyamba kumene, ndipo penapake amasiya kuimba n'kunena kuti, "Aaa, amayi inu mwathamanga. Tiyambirenso."

Amayi othamangawo ndinali ine.

Inu amene mumawerenga danga lino mukundidziwa, sindikhulupirira munthu. Wogulitsa feteleza ndimamuuza amasule thumba ndipise dzanja mpaka pansi. Kondakitala akati katundu apite kumbuyo, ine ndimamufungatira pamiyendo ngakhale andinene. Kamemori aka abusa anakapemphapo, ndinawayankha kuti akafuna kumva abwere kunyumba, mpando ulipo.

Esinala amagwira ntchito ku bwalo la ndege ndipo ali ndi laputopu yake. Ataona ndikumasula mfundo ya chitenje kuti ndikasambe m'manja, anapukusa mutu.

"Amayi, timemori iti timafa. Tsiku lina mudzakachapira kumodzi ndi chitenjecho. Bweretsani ndiike nyimbo za ababa mu apu, zikhale malo abwino."

"Apu ndiye chiyaninso?"

"Ndi pulogalamu yomvera nyimbo pa kompyuta. Muli nyimbo za dziko lonse, koma amalolanso munthu kuikamo zake."

"Mwini wake ndani?"

"Anthu ena ake akunja."

"Unawaonapo nkhope?"

Anaseka. "Amayi inu, ngakhale mngelo atabwera mungamufunse chitupa."

Ndinakapereka, koma ndinakoka mpando n'kukhala pambali pake, maso pa zala zake. Anakalowetsa m'kachipangizo kena n'kubaya m'mbali mwa laputopu. Anatsegula apu ija, n'kupita kumene amasinthira zinthu, n'kudina kabatani kolola kuti izionetsanso nyimbo zimene munthu ali nazo pa kompyuta yake. Kenako inafunsa kuti nyimbozo zili pati, iye n'kuilozera kamemori kaja. Posakhalitsa maina a nyimbo anandandalika pa galasi. Anazisonkhanitsa pamodzi, pamwamba n'kulemba kuti "Ababa". Atadina yoyamba, mawu a mwamuna wanga anadzaza pabalaza, akulu kuposa mmene kafoni kanga kamawatulutsira. Esinala anabisa nkhope m'manja. Tadala, amene anali akulira kumsana, anakhala chete n'kutembenuza kamutu kufunafuna munthu woimbayo.

"Zalowa?" ndinafunsa.

"Zalowa, amayi."

"Zalowadi?"

"Si mukuziona ndi maso anu? Zalowa."

Mawu amenewo ndi amene anandigonetsa tulo. Kwathu kuno chinthu chikalowa ndiye kuti chalowa. Chimanga chikalowa m'nkhokwe, munda ukhoza kupsa, iwe udya. Mbuzi zikalowa m'khola umatseka chitseko n'kusiya kuziganizira. Ndani wa ife anamvapo za chinthu cholowa chili panja?

Nditati andipatse kamemori kanga, alendo anali atayamba kufika, ana akukanganirana kuti amvenso agogo awo aamuna. Esinala anati, "Kasiyeni kaye, mutenga mawa." Ndinakasiya. Chimwalirireni bambo ake, chitenje changa chinali chisanagonepo chopanda mfundo.

M'mawa mwake ndili kubafa, mkamwini wanga, bambo a Tadala, amene amayendetsa takisi pa bwalo la ndege pomwepo, anapeza kuti foni yawo yadzaza, ndipo ankafuna kujambula ubatizo. Anaona kamemori pa laputopu. Anafunsa akazi awo ngati kali ndi ntchito. Esinala, akusita kadiresi ka mwana, anayankha osacheuka kuti za ababa zalowa kale. Atakaika m'foni, foniyo inapempha kuti ikayeretse kaye kuti kagwire bwino. Anavomera. Achinyamata amati kufomata. Ine ndimati kusesa nyumba n'kutayira kudzala mwini wake yemwe.

Titabwera kutchalitchi, mlamu wanga, mchemwali wa malemu, amene anachokera ku Madziabango, anati, "Esinala, akuti achimwene ali m'kompyuta? Tatiyatsira timve."

Esinala anatsegula. Mutu uja woti "Ababa" unalipo. Maina a nyimbo onse analipo, mumzere wake, koma atatuwa ngati nsalu yotha. Anadina yoyamba, zii. Yachiwiri, zii. Anazimitsa laputopu n'kuyatsanso, anaona ngati bandulo ya intaneti yatha, anasuntha kupita pawindo kufuna netiweki. Kenako anawerenga kena kake pa foni yake, n'kutembenukira kwa ine.

"Amayi, sizinalowe. Apuyi simasunga nyimbo za munthu. Imangodziwa kumene zikukhala, n'kumakazitenga komweko ukafuna kumva. Ndimayenera kuzikopera kaye m'kompyuta."

Mwamva? Imangodziwa kumene zikukhala. Ili ngati munthu wodziwa njira ya kwanu amene amaima pamsewu n'kukuitanani. Nyumba ikagwa, iye amatsala ndi dzina lanu pakamwa, basi.

Bambo a Tadala ananjuta patali, pafupi ndi chitseko, chipewa m'manja. "Apongozi, ndalakwa." Mkamwini sumuyang'ana m'maso, sumukwezera mawu.  Mlamu wanga ndiye anangoti, "Achimwene apitanso," n'kufunda chitenje kumutu. Nkhuku ya ubatizo inazizira m'mbale.

Sindikudzudzula Esinala. Mwana wanga ankafuna kundisungira chinthu, ndipo sanandinamize. Ananena zimene maso ake anaona. Chimene chikundidya ndi chakuti masiku ano maso salinso mboni. Kale kaseti unkaigwira m'manja. Ikadyedwa ndi wailesi unkaikoka pang'onopang'ono, n'kuipota ndi bolopeni, pamene yaduka n'kumata. Inkalira mopotoka pamalo pamenepo, koma inkalira. Chithunzi chikanyowa unkachiyanika padzuwa. Lero zinthu zathu zonse zili kuseri kwa galasi, kumene dzanja silifika, ndipo chikafa chimafa chonse, osasiya ngakhale chidutswa choti uike m'sutikesi.

Tayang'anani m'nyumba zanu. Zithunzi za ukwati wa mwana wanu zili kuti? M'foni. Mawu omaliza amene mayi anu anakutumizirani ali m'chipatala? M'foni. Mukafunsa ana amati, "Osadandaula, zili pamwamba." Pamwamba pati? Ine pamwamba ndimaonapo ndege zokha zikutsikira ku Chileka, ndipo palibe imene inanditsitsirapo kanthu.

Ndiye pali kuvomera. Makina akafunsa funso m'Chingelezi, chala chimathamangira kuvomera kuti funsolo lichoke pamaso. Anthu ophunzira, a ntchito zawo, amavomera zimene sanawerenge, kwa anthu amene sanawaone, pa zinthu zimene sangazibwezere. Munthu yemweyo mutamupempha khasu lake akufunsani kuti mubweza liti.

Lolemba nditatsika minibasi pa Lirangwe sindinapite kunyumba. Ndinalunjika kwa a Fanuwelo, bambo amene amaikira anthu nyimbo m'timemori kuseri kwa msika. Ndi iwowo amene anandichotsera nyimbozi m'foni ya mphunzitsi uja kalelo, foniyo isanabedwe. Anakaika kamemori m'kompyuta yawo, anafufuza nthawi ndithu, kenako anatsamira mpando.

"Agogo, akanangofomata n'kusiya, mwina tikanayesa. Koma ajambulapo vidiyo pamwamba, yaitalinso. Apa palibe."

"Nanga tsiku lija munkandiikira, sizinatsalireko m'kompyuta yanuyi?"

Anandiyang'ana ngati akufuna kuseka, koma ataona nkhope yanga anasiya.

"Agogo, mwaiwala? Si munandiimirira pamutu pano mpaka ndinafufuta? Munati ndikazisunga ndizigulitsa, amuna anu azikaimba m'mabala. Munandiuzanso nditsegule kumene zimapita zofufutidwa, ndifufutenso komweko."

Ndi zoona, ndinatero. Ndipo mutandibwezera tsiku limenelo ndikhoza kuteronso, chifukwa ndamvapo nyimbo za Mulungu zikulira pakhomo pa bala, anthu akuvina ndi mabotolo m'manja. Koma taonani pamene zandifikitsa. Amene sindinamukhulupirire ndinamufufutitsa. Amene ndinamukhulupirira, mwana wobala ndekha, nayenso zamuthawa m'manja. Ndiye munthu azitani? Ena mundilembera kuti ndikanasunga malo awiri kapena atatu. Zikomo. Nzeru imeneyo a Fanuwelo andipatsa kale, ndipo yafika maliro atatha.

Esinala waimba foni kangapo. Akuti maina aja sanawachotse, akulephera. Amatsegula laputopu n'kumawayang'ana ali otuwa mumzere, ngati mitanda ya kumanda. Ndamuuza awasiye. Tadala akadzakula adzawerenga kuti agogo ake anali ndi nyimbo, ngakhale sadzadziwa kuti mawu awo ankanjenjemera bwanji akafika pokwera.

Inu amene mwauzidwa sabata ino kuti zinthu zanu zalowa, mwafunsa kuti zalowa kuti? Mwayesa kuchotsa chimene munabweretsacho n'kuona ngati zikuliranso?

Kamemori kaja ndakamanganso pa nsonga ya chitenje, dzanja linazolowera. Muli Tadala tsopano, akulira pamene madzi a ubatizo akumugwera pamphumi. Dzulo ndikutola nkhuni kuseri kwa nyumba ndinayesa kuimba imodzi mwa nyimbo zija kuti ndione ngati ndikuikumbukira yonse. Ndinafika pakati n'kuzindikira kuti ndathamanga. Ndinaima, n'kudikira.

Palibe anati tiyambirenso.