Chimbale Chojambulidwa M'fakitale ya Maunyolo

Ngati lero mwadzuka mukuona ngati zimene mumachita palibe akuzifuna, imvani za Gaynor Tromans wa kwathu ku Netherton, ku England.

M'mawa wina mu Novembala 1982, Gaynor anali chilili pamsewu mumzinda wa London, mvula ikumuvumba, zida za gulu lake la Cinder Bank zili mbwee m'mbali mwa njira. Kampani imene inawaitana kudzajambula chimbale cha chamba cha heavy metal inali itawatulutsa mu situdiyo nyimbo zisanathe.

Mkulu wa kampaniyo sanabise mawu. "Anyamatawa akhoza kutsala, tiwapezera woimba wamwamuna. Koma inu chemwali, mawu anu ali ngati chitseko cha dzimbiri. Chamba ichi si cha akazi."

Mnyamata amene ankaimba gitala yotsogolera anatsaladi. Amene anakwera galimoto kubwerera kwawo anali atatu: Gaynor, yemwe ankaimba ndi pakamwa komanso gitala ya besi, mlongo wake wamng'ono Kelvin, wa gitala inayo, ndi mnzawo Errol Nembhard, wa ng'oma.

Kunyumba nako kunalibe chowadikira. Fakitale ya maunyolo imene Gaynor ndi bambo ake ankagwirako ntchito inali itatsekedwa chaka chomwecho. Mayi ake anamwalira iye ali wamng'ono. Bambo ake tsopano ankangokhala pampando, maso pawindo.

Gaynor sankatha kukhazikika. Akakhala pansi, adzuka. Akathira tiyi, amuiwala. Ankayendayenda m'nyumba mpaka bambo ake anatopa naye.

"Iwe, ukundizunguza mutu. Khala pansi kapena tuluka."

Ankatuluka, n'kumayenda m'mbali mwa ngalande, phazi ndi phazi, osadziwa kumene akupita. Tsiku lina miyendo inamufikitsa pachipata cha fakitale ija. Mlonda, mnzawo wa bambo ake, anamuuza kuti nyumbayo aigwetsa chaka chatsopano chikangoyamba. Gaynor analowa m'chipinda chachikulu chimene ankasuliramo zitsulo, n'kukuwa kamodzi. Mawu ake anagunda makoma n'kubwerera kwa iye atanenepa.

Anathamanga mpaka kunyumba kwa Errol.

"Ndapeza situdiyo."

"Kuti?"

"Kufakitale."

"Amwali, mwadya koma?" anatero Errol. Komabe anavala jekete.

Makina ojambulira anawapeza kwa bambo Cyril Bloomer, mkulu wina amene ankajambula makwaya a m'matchalitchi, yemwe bambo a Gaynor anamupempha kuti awathandize. Tsiku loyamba atangomva nyimbo imodzi anatulutsa thonje m'thumba n'kutseka makutu.

"Ine nyimbo zanuzi sindikuzimva, ana inu. Koma ndinalonjeza bambo anu, ndiye tiyeni."

Zinthu sizinayende. Kunkazizira kwambiri moti zala za Kelvin zinkauma pa nsambo. Nyimbo zawo zinali zothamanga, ndipo m'chipinda chachikulu chija mawu ankagundana n'kusanduka phala. Sabata yoyamba inatha opanda nyimbo imodzi yomveka.

Gaynor anawaimitsa. "Tichepetse liwiro. Nyumbayi ikufuna tiziidikira."

Anachepetsa. Iye anati achepetsenso.

"Kodi tikuimba kapena tikuperekeza maliro?" anafunsa Errol.

"Menya ng'omayo, aise. Ukafuna kuthamanga ukathamange kubwalo la mpira."

Errol anamenya kamodzi, mwamphamvu, n'kudikira. Kulira kwake kunayenda chipinda chonse ngati mabingu akutali. Kelvin analowetsa gitala pang'onopang'ono. Onse atatu anayang'anana. Kulemera kotero anali asanakumvepo kwina kulikonse.

Gaynor anataya mawu akale a nyimbozo n'kupeka ena. Anaimba za ng'anjo zozima, za amuna amene akuopa kuyang'ana akazi awo kumaso, za bambo wokhala pawindo. Ankakuwa tsiku lonse mumphepo yozizira mpaka mmero unatupa, mawu n'kutheratu. Dokotala anamuletsa kuyankhula. Masiku amenewo ankabwerabe kufakitale, n'kumazungulirazungulira chipindacho ngati nyama ya m'khola, kulamula anzake ndi manja.

Mawu atabwerera anali osasa kuposa kale, ndipo ogwetsa nyumba anali atayamba kale mbali inayo. Nyimbo zomaliza anazijambula pa nthawi ya nkhomaliro, makina ogwetsera nyumba akazima, fumbi lili m'kamwa. Chimbalecho anachitcha Unyolo Womaliza. Mwini sitolo ina ya nyimbo ku Dudley, kufupi ndi kwawo, anavomera kuchitulutsa.

Kenako nyuzipepala za nyimbo za ku London zinalemba.

Ina inati chimbalecho n'chothandiza kwa amene akufuna kuthamangitsa makoswe m'nyumba. Ina inati gululo likuyenda ngati ng'ombe yodwala, ndipo woimbayo akulira ngati mphaka amene chitseko chamupana. Ina inangofunsa kuti anawalola ndani.

Kelvin anawerenga zonsezi pa tebulo la kadzutsa, mokweza, mpaka kumapeto. Anapinda nyuzipepalayo bwinobwino.

"Achemwali, ine ndatopa kusekedwa. Ku Aberdeen akulemba anthu okakumba mafuta panyanja. Ndikupita."

"Chifukwa cha munthu amene sanafikepo n'komwe kuno?"

"Chifukwa mwina akunena zoona."

Gaynor anati, "Pita. Koma gitalayo uisiye."

Kelvin anapitadi. Makatoni a zimbale zosagulidwa anadzaza kunsi kwa masitepe a m'nyumba.

Apa ndi pamene ambiri a ife tikanalekera. Gaynor anapeza ntchito yotsuka mabasi m'mawa, ndipo masana ankazungulira kufunafuna kumene angaimbe. Oimba gitala ankabwera n'kuthawa. Errol yekha ndiye sanasunthe. Ankaimba m'mabala momwe anthu ankawafulatira, nthawi zina omvera ali ochepa kuposa oimbawo. Mwini bala wina anawazimitsira magetsi nyimbo ili pakati. Gaynor anaimaliza ndi pakamwa pokha.

Zimbale zija sanazisunge. Aliyense wosonyeza chidwi ankamupatsa: ana asukulu, asilikali obwera kutchuthi, madalaivala a malole opita kutsidya la nyanja. Sankadziwa kuti kumeneko achinyamata akuzijambula pa makaseti n'kumapatsirana, dzanja ndi dzanja, kuchokera ku Holland mpaka ku Finland.

Patapita zaka zingapo, lamya inalira kuntchito kwake. Munthu wolankhula Chingelezi chachilendo anati akuwafuna ku chikondwerero cha nyimbo ku Tilburg, m'dziko la Holland.

"Errol, leka zachibwana, ndili pantchito," anatero Gaynor, n'kudula.

Munthuyo anaimbanso. Sanali Errol.

Atafika ku Tilburg, okonza chikondwererocho anawaika masana dzuwa likuswa mtengo, nthawi imene amaika magulu osadziwika. Gaynor atakwera pa nsanja anapeza bwalo ladzaza. Errol anamenya ng'oma kamodzi n'kudikira. Gaynor asanatsegule pakamwa, khamu lonse linayamba kuimba mzere woyamba. Achinyamata amene sanaonepo Netherton ankaimba za bambo ake, liwu ndi liwu. Iye anangoima, n'kumawamvetsera.

"Imba, iwe," anakuwa Errol kumbuyo. "Akulanda ntchito."

Miyezi ingapo pambuyo pake Kelvin anaimba lamya. Mnzake wina wa ku Norway, amene ankagona naye chipinda chimodzi panyanja paja, anali atamuikira kaseti n'kumuuza kuti, "Iwe Mngelezi, kwanu kuli gulu loopsa, koma ndikudziwa kuti sunalimvepo."

"Ndiye unamuyankha chiyani?" anafunsa Gaynor.

"Ndinati wa gitalayo ndi ine. Anaseka mpaka kugwa pabedi." Kenako anafunsa, "Gitala yanga ikadalipo?"

"Ilipo, koma ili ndi woimba. Bwera uyambe wanyamula zokuzira mawu, tione ngati uli ndi khama."

Anabwera, ananyamula, ndipo chilimwe chotsatira anali pa nsanja.

Zaka zinapita. Magulu atsopano a ku Sweden, Germany ndi America anayamba kunena kuti kaimbidwe kawo kolemera, kosathamanga, anakaphunzira pa Unyolo Womaliza. Chimbalecho chinatulukanso kangapo. Nyuzipepala zomwe zija, tsopano zili ndi olemba ena, zinachiika pakati pa zimbale zikuluzikulu za chambachi. Bambo Tromans sanazione zimenezi. Anamwalira kutchuka kwa chimbalecho kusanafike ku England.

Mtolankhani wina wachitsikana anapita ku Dudley kukacheza ndi Gaynor, yemwe tsitsi linali litachita imvi. Anamufunsa ngati akuyembekezera kuti amene anamunyoza apepese.

"Apepese chiyani, mwanawe? Anamva zimene anamva. Chimbale n'chomwecho, sitinasinthemo kanthu. Chikanakhala kuti ndinachisiya pansi pa masitepe, bwenzi lero akunena zoona."

Gaynor sanamulole kufunsa zambiri. Anali atayamba kale kuyang'ana kuchitseko, makiyi ali m'manja. Gaynor sanalemere, koma ali ndi kasitudiyo kake, ndipo tsiku limenelo atsikana anayi a ku Tipton ankamudikira kuti ajambule chimbale chawo choyamba.

Inu amene mukuwerenga, mwina wina wakuuzani kale kuti mawu anu ndi oipa, ntchito yanu ndi yachabe, malo amenewo si anu. Mwina ndi munthu wodziwa zinthu, ndipo mwina ngakhale m'bale wanu wamukhulupirira. Zimapweteka, tisanamizane. Koma woweruza woyamba si ndiye womaliza, ndipo anthu amene ntchito yanu idzawakhudze mwina ali kutali, sanaimvebe. Sangaimve mukaibisa. Imalizeni, itulutseni, ipatseni miyendo. Mtima usagwe, abale. Dzukani mawa mukapitirize.