Galimoto Yakufa ya M'filimu

Mnansi wanga wa kuseri kwa mpandaku amalemba nkhani za mafilimu. Alibe kampani yomuthandiza, choncho amalemba zokhazo zimene angabwereke. Akaona wilibala pakhomo panu, dziwani kuti mawa m'filimu muli wakuba wothawa pa wilibala. Amakonda kunena kuti, "Nkhani yabwino imayambira pa katundu wa anzako."

Chaka chatha anasirira galimoto yanga, yomwe inafa kalekale mpaka nkhuku zinkaikiramo mazira. Analemba filimu yonse ya mkwati amene galimoto ikumukanira kulira pa tsiku la ukwati wake. Anajambula zonse, kungotsala chigawo chomaliza.

Mkamwini wanga, pofuna kundisangalatsa, anaikonza galimotoyo osauza munthu.

Tsiku lomaliza, wosewera mkwati uja anapotoza kiyi, misozi ili kale m'maso monga mmene zinalembedwera. Galimoto inalira. Iye sadziwa kuyendetsa, ndiye inalumpha naye n'kukagunda mpanda, injini ikulirabe bwinobwino.

Wolembayo anabwera kwa ine manja ali kumutu.

"Madala, ndani wachita nkhanza zimenezi?"

"Mkamwini wanga."

"Muuzeni abwere adzaiphenso lero lomwe. Ndipo pa mayina a anthu othokozedwa m'filimuyi asadziyembekezerepo."