Zitheba za Mayi Verna pa Chitofu cha Galasi

Ku Letcher, m'mapiri a Kentucky, Ogasiti akafika Mayi Verna Sizemore sayankha foni. Amakhala ali pa zitheba: kuthyola, kusadzula, kulonga m'mabotolo, n'kuwaphika m'poto wa nthunzi, wolemera uja wa kamuvi kosonyeza mphamvu ya nthunzi pachivundikiro. Ana awo amadya zimenezo nyengo yonse yachisanu. Ukachokako n'kubwerera m'pamene umaona kuti kuno mayi amamuthokoza pomulanda zida zake.

Anawo anachotsa chitofu chakale mayi ali kutchalitchi, n'kuikapo cha galasi, chosalala ngati tebulo, atachimanga riboni ngati mphatso. Chakalecho anagulitsa kwa ogula zitsulo. Kuwafunsa ayi.

Tsiku loyamba, kamuvi kanakwera bwinobwino, kenaka chitofu n'kuzima chokha, akuti poteteza galasi. Kamuvi kanagwa. Kakagwa umayambiranso kuwerenga nthawi, apo ayi m'botolo mumabadwa poizoni wosanunkha n'komwe. Chinayaka, chinazimanso. Pakhonde zitheba zinali zitayamba kufota m'madengu.

Mwana wawo Delbert anatulukira masana, akutafuna bisiketi.

"Amayi, bwanji osangogula za m'zitini? Zatchipa kusitolo."

"Iwe, chimimba icho unachipeza ndi za m'zitini?"

"Komatu chitofucho n'chamakono."

"Chamakono chopuma ntchito ili mkati. Mwafanana."

Mtima uli m'mwamba, Mayi Verna anakoka poto kuti achoke pamoto, monga ankachitira pa chitofu chakale moyo wawo wonse. Pagalasi sakoka, amanyamula. Panangomveka kuti thee, mng'alu n'kuthamanga mpaka m'mphepete.

Delbert anasiya kutafuna.

Chitofu cha gasi chapafupi chinali kwa mlamu wawo Oleta, amene sankalankhulana naye chimwalirire bambo a Delbert, nkhani yake malire a munda. Mayi Verna anayang'ana madengu aja, n'kutembenukira kwa Delbert.

"Kweza zonse m'galimoto. Usandiyankhe."

Oleta anatsegula chitseko, kuyang'ana poto, kuyang'ana mwini wake.

"Alamu, ine ndimamva kuti ana anakugulirani chitofu cha mabwana."

"Yatsani gasi, alamu. Zitheba zikufa."

"Theka la mabotolo likhala kuno."

"Mbewu yanga, thukuta langa?"

"Gasi wanga."

Mayi Verna analanda dengu m'manja mwa Delbert, n'kulowa osapukuta mapazi.