Makalata a Kundende Amene Ndinasandutsa Sewero

Inu owerenga, ine ndinaulula chinsinsi cha alongo anga popanda kutchula dzina lawo ngakhale kamodzi. Ndikulemba izi mutu uli woyera kale, kuti wina asadzalakwire mbale wake monga ndinachitira ine.

Ndimakhala ku Vubwi, ndipo ndinapuma pa ntchito ya uphunzitsi. Alongo angawa ndi aakulu kwa ine, ndiwo mwini mbumba yathu, ndipo anakwatira ku Sinda. Kalekale anagula ng'ombe yomwe inapezeka kuti inali yakuba, nakhala kundende zaka zitatu. Ana awo anali aang'ono, choncho ife akuluakulu tinagwirizana zowauza kuti bambo awo apita kukagwira ntchito kumigodi. Popeza alamu anga sadziwa kuwerenga, makalata onse a kundende ankafikira kwa ine, ine n'kupita kukawawerengera. Ndinawasunga m'sutikesi. Alongo anga atatuluka, palibe anaitchulanso nkhaniyo.

Chaka china achinyamata a mpingo wathu anandipempha kuti ndiwalembere sewero lokumbutsa Akhristu za anthu am'ndende. Ndinayesa kupeka, koma zonse zinkatuluka zouma. Pamenepo ndinatsegula sutikesi. Mawu a alongo anga anali ndi moyo umene ine sindikanatha kuupeka, ndipo ndinawakopera monga analili. Ndinasintha dzina lawo, mudzi wawo ndi mlandu womwe, n'kudziuza kuti ndabisa zonse. Sewerolo linachitika kamodzi m'tchalitchi, anthu anagwetsa misozi, n'kumwazikana.

Patapita miyezi, kunabwera anyamata a ku Katete okhala ndi kamera. Mtsogoleri wawo anati, “Amayi, nkhani iyi ni yabwino maningi, tifuna tipange filimu anthu aphunzirepo.” Ndivomere pamaso panu kuti mtima wanga unakondwa ndi kutamandidwako. Ndinawapatsa zolemba zanga. Ku Sinda sindinapite kukafunsa, ngakhale ndinkadziwa bwino kuti m'banja mwathu palibe chachikulu chimachitika mwini mbumba asanamve.

Chimene ndinaiwala ndi ichi. M'kalata ina alongo anga analangiza za ng'ombe zawo ziwiri zolimira. Analemba kuti Kapiteni asamamangidwe kumanzere kwa goli chifukwa amakana kukoka, kumeneko n'kwa Mtendere. Ine ndinasintha maina a anthu, koma a ng'ombe ndinawasiya, poganiza kuti ng'ombe ndi ng'ombe. Sindinaganize kuti mwana wa mlimi saiwala dzina la ng'ombe imene ankaitsogolera kumunda.

Filimuyo inafalikira pa mafoni. Mwana woyamba wa alongo anga, amene tsopano ndi mayi wa ana anayi ndipo amagulitsa tomato pamsika wa Katete, anaionera pa foni ya mnzake. Loweruka lotsatira anafika pakhomo panga. Anandipatsa moni mwaulemu, nakhala pamphasa, kenako anafunsa modekha, “Azakhali, Kapiteni ndi Mtendere zinali ng'ombe za yani? Kumigodi munkatiuza kuja n'kumeneku?”

Alongo anga anabwera patatha sabata ziwiri. Anakana kulowa m'nyumba, anakhala pansi pa mtengo wa mango. Sanakweze mawu. Anati, “Mlongo wanga, ndinkalembera inu, sindinkalembera dziko. Ana anga ndikanawauza ndekha, ndi pakamwa panga, pa tsiku langa.” Anandiuza kuti anawo sanawanyoze chifukwa cha ndende. Chimene chinawawawa n'chakuti anamva kwa munthu wachilendo wovala zovala za mkaidi pa foni, ndipo mwana wawo wamwamuna anafunsa kuti ndi ziti zina zimene akuluakulu tinawanamiza. Ndinagwada n'kupepesa. Iwo anapempha makalata awo, ndinawapatsa onse, ndipo anakwera basi tsiku lomwelo osadya kanthu.

Anyamata a filimu ndinawapempha kuti aichotse. Anavomera ndi mtima wabwino, koma anandifotokozera kuti inali kale m'mafoni a anthu osawerengeka. Mpaka lero alongo anga amagwira ntchito yawo ya mwini mbumba mosaphonya. Pamaliro amafika, paukwati wa mdzukulu wanga anaima ngati nkhoswe. Koma amalankhula nane za mwambo zokha, zikatha amatsanzika.

Inu owerenga, makamaka inu amene munaphunzira ndipo abale amakusungitsani makalata ndi zinsinsi zawo, kusunga chinthu sikukhala mwini wake. Nkhani ya mbale wanu ingakhale yophunzitsa chotani, pitani mukamufunse, ndipo akakana, isiyeni. Musadzinamize kuti kusintha dzina n'kubisa munthu, pakuti akwawo amamudziwa ndi tinthu timene inu simukutiona. Ulendo wa ku Sinda ndi wa tsiku limodzi. Ndikanauyenda, bwenzi lero ndili ndi mlongo wocheza naye.