Uthenga Womwe Amayi Sananditume

Ndikukumbukira belu la njinga ya abambo Loweruka masana. Ankaphunzitsa ku Nathenje, ife tili kumudzi ku Mitundu, ndipo ankafika fumbi lili mbuu mpaka m'nsidze, khadi ya chipani itanyowa ndi thukuta m'thumba la malaya. Amayi ankawalonjera chogwada, n'kulowetsa njinga m'nyumba, basi. Mawu ena onse ankadzera mwa ine.

"Kawauze abambo ako madzi ali kubafa." Ine liwiro. "Kawauze amayi ako batani lathothoka." Liwiro linanso. Kuchoka pakhonde kufika kukhitchini panali pafupi, koma ndinkatopa ngati ndapita kuchigayo. Akuluakulu ankati umenewo ndiye ulemu. Ine ndinkaona zina. Lamlungu njinga ikazimiririka kuseri kwa zigafa za fodya, amayi ankaima nthawi yaitali tsache lili m'manja, osasesa. Ankandimvetsa chisoni, ndipo ndinkaopa kuti Loweruka lina belu lija silidzalira.

Tsiku lina, ndili Sitandade 3, amayi anandituma kukanena kuti tiyi wapsa. Ndinagwada pamaso pa abambo, n'kuwonjezerapo zanga. "Akuti tiyi wapsa. Akutinso anakusowani sabata yonseyi."

Abambo anatsitsa wailesi. Anandiyang'ana, kenako anayang'ana kukhitchini. "Atero amayi ako?" Ndinangovomera ndi mutu. Ndinadikira yankho loti ndikapereke, koma sananditume. Ananyamula okha mpando wawo wandalema n'kukauika pakhomo la khitchini. Mphunzitsi wathunthu, tayi ili m'khosi, misozi ili chuchuchu ndi utsi wa zitsononkho! Ndinamva amayi akuti, "Nanga lero kwagwanji?" Kenako kunamveka kuseka kwamanyazi komwe ndinali ndisanakumvepo. Bodza langa litaululika, amayi anandikoka khutu. "Iwe Estere, pakamwa pakopo!" Koma mbatata yaikulu kuposa zonse inagwera m'mbale yanga.

Masiku ano ine ndi amuna anga timakhala pa sofa imodzi, timaitanana maina, palibe wogwadira mnzake. Aliyense maso ali pa foni yake. Dzana ndinawalembera uthenga woti tiyi wapsa, ali pambali pangapa, iwo n'kuyankha ndi kachithunzi ka chala chachikulu chovomereza. Ndinawasowa kwambiri. Ana athu anakula, anachoka. Ndinayang'ana uku ndi uku m'nyumba monse, koma munalibe mwana woti akawonjezere zomwe ndinalephera kunena.