Tsiku limene ndinalira maliro a Ba Ajowa ali moyo

Mundikhululukire anzanga amene tinakulira limodzi m'masewero, kuti ine Zelipa ndi amene ndalimba mtima kulemba za Ba Ajowa. Alipo ophunzira kundiposa, poti ine sukulu ndinayambira pansi pa mtengo ku Chadiza. Koma zimene ndikulembazi ndinaziona ndi maso anga, ndipo pakamwa pamene panayambitsa chipwirikiti chonsecho ndi panga.

Ndikukumbukira kuti ndinafika ku Kafue amayi atangomwalira kumene. Ananditenga ndi azakhali anga, Amake Tisa, amene ankagulitsa nsomba zouma pamsika. Tsiku loyamba lomwelo anandikhazika pansi. "Kuno ni ku tauni, iwe," anatero. "Ukanichititsa nsoni kamozi chabe, nizakukweza basi ya ku Chipata." Kumudzi kunalibenso wondisunga, ndipo ndinkadziwa kuti ndikabwerera, sukulu yathera pomwepo. Choncho ndinkayenda maso ali pansi, ndinkayankha monong'ona, mbale ndinkatsuka ngakhale zotsuka kale.

Ba Ajowa anali mayi wamtali, wa imvi zometa mwachidule, wa mawu omveka kuchokera ku Estates, dera limene ankakhala, mpaka kunjanji. Anachokera ku Ghana ndi amuna awo amene ankagwira ntchito kufakitale ya feteleza. Amunawo atamwalira, thupi linapita kwawo pa ndeke, koma iwo anatsala, opanda mwana, opanda mbale. Ali mtsikana ankachita masewero ku Lusaka, ndipo atakula anaganiza zoti Kafue nayo ikhale ndi chikondwerero chake cha masewero pa holide ya Ogasiti. Chaka chimenecho ndiye chinali choyamba. Anabwera kusukulu kwathu kudzasankha ana, ndipo chala chawo chinaima pa ine. Aphunzitsi anaseka kuti ameneyu salankhula. Ba Ajowa anangoti, "Ni wamene uyo nifuna."

Tinkakonzekera kunyumba kwawo Loweruka masana. M'nyumbamo munkanunkhira tsabola ndi jinja, ndipo tikatopa ankatikazingira nthochi, chinthu chimene ine ndinali ndisanachionepo. Sewero lathu linali la mayi wamalonda amene wamwalira, ana ake n'kuyamba kulimbirana katundu. Panalibe kholo limene likanalola mwana wake kugona ngati mtembo, ndiye mbali imeneyo anaitenga okha. Anayala mphasa pabalaza, anagona chagada, n'kudzifunda nsalu yoyera mpaka kumutu. Ine ndinali mwana womaliza, wolowa m'nyumba n'kupeza amayi ake atapita.

Ndinayesa kulira kawiri, dzanja pamphumi, monga ndinkaonera pa TV ya aneba. Mawu anatuluka pansi pa nsalu: "Zelipa, uyo ni mutu ukubaba, si malilo. Lila monga kwanu."

Ndinagwada. Mapazi awo anali atatulukira kunja kwa nsalu, zidendene zong'aluka ngati za amayi. Pa maliro a amayi enieniwo ine anandituma kukatunga madzi tsiku lonse, akuti mwana asaone zambiri. Sindinalire bwino. Tsono nditaona mapazi aja, manja anakwera okha kumutu, ndipo mawu amene sindinkadziwa kuti ndili nawo anatuluka. "Mayi wanga ine! Mwandisiyira yani ine!" Kulira kwa kumudzi, kokoka, kokwera n'kutsika, kumene kumamveka tsidya la dambo. Anzanga anauma pamene anaima. Ba Ajowa sanagwedezeke, pakuti lamulo lawo linali lakuti wakufa sapuma mpaka gawo litatha.

Mawindo anali otsegula.

Woyamba kulowa anali Bana Mulenga a nyumba yoyandikana, akumanga chitenje cham'njira. Ataona nsalu yoyera anadzigwetsa pambali panga n'kulandira kulira kuja. Kenako amayi ena, kenako enanso, mpaka pabalaza panadzaza. Ba Hamoonga, amene anapuma ntchito kunjanji, anayamba kulamula anyamata kutulutsa mipando monga zimakhalira pa maliro. Wina anafika ndi wilibala ya nkhuni. Mnzathu mmodzi anayesa kunena kuti ndi sewero chabe, koma anamuthira khofi kuti alibe ulemu. Uthenga unathamanga mpaka kumsika, ndipo azakhali anafika akupuma mwawefuwefu, epuloni ili m'chiuno, fungo la nsomba lili thupi lonse. Ine ndinali nditasiya kale kulira, koma ndinalibe mphamvu zotsegulira pakamwa pamaso pa akuluakulu onsewo.

Chimene chinaukitsa wakufayo ndi wailesi. Atamva Ba Hamoonga akunena kuti nayonso itulutsidwe, nsalu yoyera ija inadzuka n'kukhala tsonga.

"Wailesi yanga muipeleka kuti, Ba Hamoonga?"

Khomo linachepa. Bana Mulenga anasiya nsapato imodzi. Ba Hamoonga, amene ankayenda ndi ndodo chifukwa cha bondo, analumpha mpanda wamaluwa, ndodo n'kuitola mawa lake. Lero timaseka, koma tsikulo anthu atabwerera m'maganizo, kunali mkwiyo. Ankati ndi malodza, kuti mlendoyu akuphunzitsa ana kuitana imfa. Makolo ananyamula ana awo. Ine azakhali anandikoka khutu kuchokera ku Estates mpaka kunyumba. Titafika anatenga chikwama n'kuyamba kulongedzamo zovala zanga, yunifolomu n'kuisiya pa msomali. "Mailo kuseni ni basi," anatero.

M'mawa ndinali nditasamba kale, chikwama chili pakhomo, pamene Ba Ajowa anatulukira. Anavala chitenje mmene amavalira amayi a kuno, nkhuku ili m'khwapa, Bana Mulenga akuwatsogolera ndi nkhope yolimba. Ba Ajowa, mayi wamkulu uja amene aphunzitsi athu ankamuimirira akalowa, anagwada pafumbi. Maondo analira kuti thee.

"Amake Tisa, mulandu ni wanga. Mwana ninamuuza nine."

"Kwanu mumasobela na imfa?" anafunsa azakhali, manja ali m'chiuno.

"Iyayi. Ninalakwa, nenze kufunika kuuza baneba." Nkhuku ija inaphupha m'khwapa mwawo. "Koma nikuuzeni chinthu. Zaka zonse izi nenze kuganiza ati nikafa muno, bazanishika mu manda ba kanselo, kulibe olo umozi wolila. Manje nenze gone paja, namvela nyumba yanga yazula. Na imwe munabwela. Nsomba munasiyila ndani?"

"Nenze nasiya chabe," anatero azakhali, akuyang'ana kumbali. "Munthu angachite bwanji?"

"Na ine nsapato yanga mukalibe kunibwezela," anatero Bana Mulenga.

Azakhali anayesa kugwira kuseka koma kunawapulumukira m'mphuno. Analandira nkhuku ija, n'kuwadzutsa Ba Ajowa. Kenako anatembenukira kwa ine, nkhope itabwerera mwakale. "Uzankala. Masewero uzichita. Koma kulila kuja, nisakakumvele futi pa siteji. Si kosobela nako." Ndinagwada n'kuvomera. Iwo okha anatsitsa yunifolomu pa msomali n'kundiponyera.

Ba Ajowa anayenda khomo ndi khomo sabata imeneyo, ndipo ana anabwerera. Sewero analisintha kuti mayi uja angodwala kwambiri, ana ake n'kuyamba kugawana katundu iye akumva. Linakoma kuposa loyamba. Holo inadzaza, chifukwa aliyense ankafuna kuona mayi amene anauka kwa akufa, ndipo Bana Mulenga anakhala kutsogolo akuchenjeza anthu mokweza kuti, "Uyo ni wamoyo, musanamiwe!"

Kuyambira pamenepo chikondwerero sichinalumphe chaka. Kunayamba kubwera magulu a ku Shimabala atakwera pa lole ya kabichi, ena ochokera ku Lusaka, ngakhale achinyamata a m'matchalitchi amene poyamba ankati masewero ndi za dziko. M'masewerowo, ine wosalankhula uja ndakhalapo namwino, woweruza, mayi busa, ngakhale chidakwa cha pa siteshoni. Maliro okha sindinalirepo. Chaka chilichonse azakhali asanabwere kudzaonera ankafunsa kuti, "Mulibe malilo?" Ine ndinkati mulibe, ndipo zinali zoona.

Zinthu zasintha. Ana amene ndikuwaphunzitsa lero amadzijambula pa foni n'kudzikonza okha, ndipo saopa kuyang'ana wamkulu m'maso. Zikanachitika lero, mwina uthenga ukanafika pa foni munthu asanamange chitenje, wina n'kuyankha kuti ndi bodza, aliyense n'kukhala kwake. Koma lamulo limodzi tinalisunga: tisanayambe kukonzekera sewero lililonse, timayamba tauza aneba.

Chaka chino Ba Ajowa anadwala nyengo yozizira, ndipo anamwalira kuchipatala. M'mawa mwake tinasonkhana kunyumba kuja. Ana a Ba Hamoonga anatulutsa mipando, ndi wailesi yomwe. Amayi anadzaza pabalaza mpaka kukhitchini, koma munali zii, chifukwa kulira amayambitsa ndi mwini maliro, ndipo wachibale panalibe. Bana Mulenga, amene tsopano ndi okalamba, ananong'ona kuti, "Mwaonesesa bwino? Aba mayi sibachedwa kuuka." Anthu anaseka pang'ono, kuseka kwake konyowa. Kenako kunabwereranso zii.

Ndinamva chigongono cha azakhali m'nthiti mwanga.

"Zelipa, yamba. Ndiwe mwana wa nyumba ino."

Ndinawayang'ana kuti nditsimikize. Anagwedeza mutu. Manja anga anakwera kumutu, ndipo nyumba yonse inandilandira, mpaka a kunjanji anamva.

Lamulo la azakhali linathera pamenepo, m'mawa wa Lachiwiri loyamba la mwezi wa Julayi, kutatsala mwezi umodzi kuti titsegule chikondwerero. Ndipo tinatseguladi.