Priska ndi Galasi Lopindika

Priska wa ku Katunga anakula ndi mlaza m'manja. Ankaluka zipewa, madengu ndi mikeka, pamene mwamuna wake Geresomo ankadula nzimbe ku Nchalo. Madzi osefukira atawagwetsera nyumba, iwo nkumanga ina kumtunda, Priska anapeza kuti mudzi wonse wayamba kuluka, koma ogula kulibe.

Tsiku lina mchimwene wake Antonio, woyendetsa lole pamsewu wa ku Tete, anabwera ndi katundu wopyapyala atamukulunga m'katoni.

"Chemwali, awa ndi magalasi odziyang'anira, koma a pulasitiki. Onani!" Anatenga limodzi nalipinda ngati chikopa, osasweka. "Dulani, muziika m'zoluka zanuzo."

Kudulako ndiye kunali nkhondo. Priska atayesa ndi sizasi yosokera, galasi loyamba linang'aluka mokhota mpaka pakati. Lina analisenda kapepala koteteza pamwamba asanadule, ndipo linakalikakalika lonse. Lomwe linatuluka bwino analisiya pakhonde, dzuwa la mu Okutobala nkulikhotetsa. Geresomo atadziyang'anirapo anaona mutu wake utatalika ngati mphonda, ndipo anaseka mpaka kukhala pansi.

"Mayi a Pempho, ichi mukagulitsa kwa anthu kapena kwa afiti?" anafunsa mkazi wakeyo.

Priska sanaseke nawo. Anatola zidutswa zija nayamba kuphunzirirapo. Anazindikira kuti galasilo silifuna kukakamizidwa. Ankayika rula yachitsulo, nkulemba mzere ndi mpeni wakuthwa mobwerezabwereza, kenako nkulithyolera m'mphepete mwa tebulo, thyo! Zozungulira ankajambula ndi mbale, nkudula pang'onopang'ono ndi sizasi ya malata imene anabwereka kwa wokhoma zidebe. M'mbali ankasalaza ndi sandipepa. Kuti nkhope isakhote, ankamata galasilo pa thabwa losalala, ndipo kapepala koteteza ankakasiya mpaka ntchito itatha. Kenako ankalizunguliza ndi mlaza wonyika mu utoto wofiira ndi wobiriwira.

Timagalasi tating'ono tinayamba kuyenda pa msika wa Dyeratu. Kumeneko ndi kumene anakumana ndi Mayi Angela, mwini saluni. Galasi lawo lalikulu linali litasweka mu ngolo asanalipachike nkomwe.

"Mungandipangire lalikulu, loti munthu adzione kuyambira kumutu mpaka m'chiuno?" anafunsa Mayi Angela.

Lalikulu chotero Priska anali asanadulepo. "Ndipanga, mayi," anayankha.

Anagwiritsa galasi lake lomaliza lathunthu. Geresomo, yemwe tsopano anali atasiya kuseka, anapanikiza rula ndi manja onse awiri mkazi wake akukoka mpeni. Thukuta linkadontha pa tebulo. Atalithyola, m'mphepete munatuluka mowongoka ngati chingwe.

Pa tsiku la msika analimangirira pa njinga ya Geresomo, Priska akutsatira pambuyo. Atayandikira Dyeratu, mbuzi inadumphira mumsewu, Geresomo nkukhotetsa mwadzidzidzi, njinga ndi katundu yemwe gubudu m'ngalande! Amayi ogulitsa masawu anakuwa, ena atagwira kumutu. Mayi Angela anathamangira pomwepo.

"Mayo, lachiwirinso!"

Priska anayamba waona ngati mwamuna wake wavulala. Geresomo anangosupuka chigongono. Ndiye Priska anamasula zingwe, naimika galasilo pa mtengo wa nimu, napukuta fumbi ndi chitenje. Anagwira ngodya ya kapepala koteteza nkukasenda pang'onopang'ono anthu onse akuona. Munalibe ngakhale kamng'alu. Msika wonse unaonekera mmenemo, madengu, njinga ndi nkhope zodabwa.

Nthungululu inalira. Gogo wina wa ku Nsanje anadzikonza duku patsogolo pa galasilo, natembenukira kwa Priska, namuyamikira m'chiyankhulo cha kwawo.

"Mwachita pyadidi, mwananga!"

"Takhuta, mama," anathokoza Priska m'chiyankhulo chomwecho, misozi ili m'maso koma akuseka.

Galasilo analinyamula anthu anayi mpaka ku saluni, ena akuimba pambuyo ngati akuperekeza mkwatibwi. Dzuwa lisanapendeke, ometa tsitsi awiri ndi telala mmodzi anali atamuuza kale kukula kwa magalasi amene akufuna.

Lero pakhonde la Priska pamakhala amayi a m'mudzi amene amaluka mikombero ya magalasi ake. Wina akafuna kuphunzira kudula, amamupatsa kachidutswa ndi mpeni, nkukhala naye pambali mpaka atadula mowongoka.